Mkazi wa ku Japan anati "iwe" kwa apongozi ake

Loweruka lapitali amayi anga anakalipira munthu amene kulibe. Ndinaona ndi maso angawa, pakhonde pathu ku Sadzi.

Ndiyambe bwino. Mlongo wanga Esinati amamasulira mabuku. Chijapani anachiyamba ali ku sekondale, kwa mphunzitsi wina wochokera ku Japan, kenako anapita kukaphunzira komweko. Ine sukulu inandikana msanga, ndimakhoma mipando ku Matawale. Koma mlongo wangayu, ee, amatenga buku la nthano lolembedwa tizilembo tonga mapazi a nkhuku n'kulisandutsa Chingerezi.

Vuto ndi amayi. Zaka zonsezi sanamvepo ngakhale mzere umodzi wa ntchito ya mwana wawo. Chingerezi sachimva. Amangouza anthu kuti "amamasulira," mpaka mayi wina woyandikana nafe anabwera ndi maloto ake a njoka kuti Esinati awamasulire! Tinaseka, koma Esinati zinamupweteka. Amayi akamafunsa kuti, "Nanga ntchito yeniyeni udzayamba liti?" iye amangosintha nkhani.

Ndiye Loweruka anabwera ndi nthano imodzi, ulendo uno m'Chichewa.

"Amayi, khalani pansi ndikuwerengereni."

"Za azungu akozo?"

"Si azungu. Ingomvani."

Inali nkhani ya mkazi wokhala nyumba imodzi ndi apongozi ake ovuta. Amaphika, amachapa, amayankha mwaulemu. Amayi ankangotola miyala mu mpunga ngati sakumva. Kenako mkazi uja, atatopa, anatembenuka n'kunena kuti, "Iwe, undisiye."

Lichero linatsala pang'ono kugwa.

"Wati chiyani? Iwe? Kwa apongozi? Mwana wa ndani ameneyo?"

"Wa ku Japan, amayi."

"Kaya wa ku Japan, kaya wa ku Jali, sanalangidwe! Komanso apongoziwo anyanya. Werenga, timve."

Ndinayang'ana Esinati. Maso anali atadzaza misozi.

Pondiperekeza anandifotokozera. Akuti Chijapani chili ngati chathuchi, chili ndi kayankhulidwe ka ulemu ndi kayankhulidwe ka kwa mnzako. M'nthanoyo mkazi uja akutaya ulemu kamodzi kokha, ndipo nkhani yonse yagona pomwepo. Pa Chingerezi "inu" ndi "iwe" ndi liwu limodzi. Pomasulira nthanoyi m'Chingerezi anavutika nazo, nazungulira ndi mawu ambirimbiri, koma mbama ya "iwe" uja sinamveke. "M'Chichewa, achimwene, ndangosintha kaliwu kamodzi basi."

Tsono ndikuganiza, mundikhululukire ngati ndikulakwa. Bwanji timayesa kuti nkhani ya kutali iyenera kuyamba yavala jekete ya Chingerezi isanafike kwathu? Mu Zomba muno, ana a ku koleji akadutsa pa shopo yanga, Chichewa amachisungira pogula mandasi. Chonsecho pali katundu wina amene Chingerezi chimataya m'njira, chathuchi n'kufika naye wathunthu. Fodya wako ndi amene ali pamphuno, ife tikusirira wapamphepo.

Ndipo womasulira timamuona ngati ndani? Dzina lake pa buku limakhala laling'ono ngati nyerere. Koma popanda iye, amayi anga akanakangana bwanji ndi mkazi wa kutsidya la nyanja?

Dzulo ndinapeza amayi akuuza mayi wa maloto uja kuti, "Mwana wanga samasulira njoka ayi. Bwerani mawa mudzamve za mtsikana wamwano wa ku Japan."

Inu amene ana anu amagwira ntchito zimene simuzimvetsa, munayamba mwakhalapo pansi kuti akuwerengereni?