Mibawa ya Kumanda Kwathu

Ndinanyamuka pa Mtakataka m'mawa pamodzi ndi Mayi Nkhoma, ofufuza za nkhalango ochokera ku boma. Ankafuna mitengo yachilengedwe ikuluikulu, yopanda matenda, yoti atolepo njere zokafesa ku nazale. Dzulo lake, m'sitolo momwe ndimagwira ntchito, ndinali nditawauza kuti asavutike: kumanda kwathu, kuseri kwa Golomoti, kuli mibawa yomwe nkhwangwa sinaikhudzepo.

Galimoto yawo inali kwa makaniko, choncho tinakwera minibasi, K2,500 aliyense. Beseni la usipa la mayi wina linakhala pamiyendo panga. Tikudutsa pa Mua, Mayi Nkhoma analoza matumba a makala m'mbali mwa msewu.

"Mitengo ya tsanya ikutha," anatero.

"Kwathu ayi," ndinayankha mokweza. "Ife timaopa akufa."

Kondakitala anaseka. "Bambo, akufa sagula feteleza."

Pa Golomoti tinadya chimanga chootcha, n'kukwera kabaza. Tinafika dzuwa lili paliwombo. Amfumu anatilola kulowa kumanda, koma sanandiyang'ane kumaso. Ine kumeneko ndinali ndisanapondeko chiikire amayi. Maliro ena ndinkangotumiza chipepeso.

Mitumbira ndinaiona ndili patali, zomwe kale sizinkatheka. Panali zitsa zokhazokha. Mtumbira wa amayi unali padzuwa, mbuzi itagona pambali. Mayi Nkhoma anatulutsa tepi n'kuyamba kuyeza zitsazo.

Alamu anga, a Bonifasi, anatipeza pomwepo.

"Wachita zimenezi ndani?" ndinafunsa.

"Tsitsani mawu alamu, pali alendo," anatero. "Nyumba ya achemwali anu ija munati ikhale ya njerwa zootcha, ithe mvula isanagwe. Munatumiza ya simenti ndi malata. Nkhuni munatumiza?"

Chithunzi cha nyumba imeneyo chili mufoni mwanga. Ndakhala ndikuonetsa anthu kusitolo.

Njere sitinatole. Mayi Nkhoma anandiitana n'kundisonyeza zitsa ziwiri zomwe zinkaphukira.

"Mukazitchinga ku mbuzi ndi moto, ndidzabweranso," anatero. "Mukapanda kutero, malo ano ndiwachotsa pa kafukufuku."

Madzulo ndinawaperekeza kumsewu pa Golomoti. Inaima minibasi yomwe ija.

"Akufa aja ali bwanji, bambo?" anakuwa kondakitala. "Kwerani, malo alipo!"

Sindinakwere. Ndinaimbira foni abwana kuti mawa sindibwera, n'kubwerera kumudzi wapansi kukabwereka chikwanje cha alamu chodulira minga yotchingira zitsa zija. Ndinali nditalonjeza mlendo mitengo yomwe ndinaiotcha ndekha ndili ku Mtakataka.