Nthochi ya Achemwali

Ndili m'chipatala, koma bedi langa lili pabwalo kwathu, pansi pa mtengo wa mango. Azakhali, amene akundidwazika, akuyala masamba aawisi pamsewu.

"Azakhali, kodi maliro ndi a ndani?"

"Maliro ati? Gona iwe, tikungokonza pakhomo."

Sakundiyang'ana kumaso. Amuna awiri akutulutsa mipando m'nyumba, ndipo ndikatembenuka akusiya kulankhula. Nesi akubwera, koma m'manja mwake mulibe jekeseni. Wanyamula bango. Akuligoneka pambali panga kuyambira kumutu, kenako akulithyola pomwe pathera zala za kumapazi.

"Musaope, tikungoona ngati mwakula," akutero.

Kumiyendo kwa bedi kwakhala achemwali anga a Tadala, amene tinawaika m'manda chaka chatha atakana chakudya mpaka kutsala mafupa okhaokha. Lero anenepa, masaya akuchita kuwala. Akusenda nthochi.

"Iwe, idya. Ukufuna ufe ngati ine?"

Njala yomwe inandithawa kalekale yabwerera, ndipo nthochiyo ikununkhira bwino. Koma chakudya cha womwalira sichidyedwa. Pabwalo ponse aliyense maso ali pakamwa panga. Azakhali agwira kale nsalu yatsopano yoyera m'manja.

"Achemwali, yambani mwaluma inuyo."

Akungoseka, ndipo m'kamwa mwawo muli dothi lofiira lokhalokha.

Ndadzuka kutacha, amayi ali pambali panga ndi kapu ya phala. Akuti, "Idyako pang'ono, mwananga." Ndawayang'anitsitsa nthawi yaitali, kenako ndawauza kuti ayambe alawa iwowo.