Rra Chete Pakhonde la Telala

Ndikakumbukira Rra Chete, ndimamva fungo la mafuta a makina osokera losakanikirana ndi fumbi la ku White City, dera limene tinkakhala m'dziko la Atswana, makombi akuliza mahutala kumsewu, iwo ali phee pachidebe pakhonde pathu, kamera ili paphewa. Anali Mtswana, neba wathu, wojambula mafilimu a moyo wa anthu. Rra ndiye kuti bambo m'chinenero chawo, koma dzina la Chete tinawapatsa ndife Amalawi, chifukwa akangoti "dumela", moni wa kwawo, basi, zolankhula za tsiku limenelo zatha.

Bambo anga, a Phiri, anali telala. Anandichotsa sukulu ndili wamng'ono kuti ndizisoka mabatani ndi kupinda mathalauza, ndipo mawu abwino kwa ine analibe. "Iwe, mzere uwu ukupita kuti, ku Ntcheu?" Ndinkadziwa ndithu kuti munthu ameneyu sandiwerengera.

Tsiku loyamba limene Rra Chete anabwera kudzatijambula, bambo anavala suti ndi tayi, n'kukhala mowongoka pamakina ngati bwana. Rra Chete anazimitsa kamera. "Phiri, ndidzabwera suti ikabwerera m'sutikesi." Anabweradi, miyezi ndi miyezi, osafunsa funso, osauza munthu poima, mpaka tinkakangana ndi kutafuna chimanga pamaso pawo ngati palibe munthu.

Kenako kunabwera oyang'ana mapepala. Pemiti ya bambo yokhalira m'dzikomo inali itatha. Anawakweza m'galimoto tepi yoyezera ili m'khosi, Rra Chete akujambulabe. Ndinakuwa, "Mukujambula chiyani? Si neba wanu ameneyu?"

"Ndikaika kamera pansi, awatengabe," anatero. "Kungoti palibe adzaone."

Ndinasiya kuwapatsa moni. Ine ndinatsala ndi mayi, amene ankagwira ntchito ya m'nyumba ku Kgale View, ndipo bambo, atawabweza kumudzi, anamwalira ndisanawaonenso.

Uthenga wa maliro utafika, Rra Chete anandiitana kwawo, n'kuika kaseti. Mulibe nyimbo, mulibe wofotokoza, phokoso la makina lokha. Ndinadziona ndikutuluka kukagula ulusi ku Main Mall. Nditangopotoloka, bambo anatenga thalauza limene ndinapinda, kulitembenuza, kuliyang'ana nthawi yaitali, kenako n'kuitana kasitomala, mayi wa Chitswana.

"Mma, taonani apa. Wasoka ndi mwana wanga. Dzanja limeneli ine ndilibe. Koma musamuuze, angatupe mutu."

Ndinalira, koma ndinakwiyanso, ndipo mpaka lero mkwiyo sunathe. Bambo inu, chinakuvutani n'chiyani kundiuza pamaso? Mukanafa nawo mawu amenewo pakanapanda munthu wodziwa kutseka pakamwa n'kudikira. Ke a leboga, zikomo, Rra Chete, ngakhale tsiku lija ndikanakonda mukanagwirako chitseko cha galimoto.

Lero ndili ndi makina anga, ndipo mwana wanga wamkazi amasoka pambali panga akaweruka kusukulu. Akalakwitsa ndimakalipa, sindinama. Koma akasoka bwino ndimamuuza pompo, mokweza, makasitomala akumva. Atupe mutu ngati akufuna.