Malata a Bambo Pansi pa Udzu

Chaka chimene usipa unagwidwa wambiri ku Nkopola, bambo anga anasasula udzu wa padenga n'kukhoma malata. Ankafuna kutseka pakamwa amalume, achimwene a mayi, omwe akabwera kwathu ankayang'ana denga n'kufunsa kuti, "Alamu, mlongo wangayu adzafera m'chisakasa?" Mawuwo ankawapweteka bambo kuposa minga ya kampango.

Nyumba yathu inali yaifupi, yopanda siling'i. Okutobala atafika, mayo ine, tinapsa! Kandulo inapindika yokha pawindo. Nkhuku yomwe inkaikira kuseri kwa chitseko inasamukira kwa aneba. Koma bambo analamula kuti m'nyumba ya malata munthu asayerekeze kunena kuti kukutentha. Masana ankakhala pabalaza, thukuta lili kamukamu, n'kumatifunsa, "Kamphepoka mukukamva?" Ine malatawo ndinkadana nawo ndi mtima wonse.

Mayi anatopa nazo. Tsiku lina bambo ali kunyanja, anaitana anthu kudzafolera udzu pamwamba pa malata, kunsi kwake n'kumangako mikeka. M'nyumba munazizira bwino. Bambo pobwera anaima panja, kukamwa yasa.

"Nanga anthu adziwa bwanji?"

"Muziwauza," anatero mayi.

Kuyambira pamenepo nkhafi yopalasira bwato inkakhala pabalaza. Mlendo akangokhala pansi, asanalandire ndi moni womwe, bambo ankagogoda denga ndi nkhafiyo. Ngwe! Ngwe! "Mwamva? Si udzu umenewo." Ngakhale wogulitsa makala ankalowetsedwa m'nyumba kuti amveko.

Kenako amalume anabwera. Anatambasula miyendo, n'kupuma mosangalala.

"Aaa, alamu, muno ndiye mukuzizira! Ndinamva zoti mwagula malata. Ndinadziwa ine kuti ndi bodza."

Bambo anagogoda denga. Tsoka ilo, amalume makutu anali atayamba kuwavuta.

"Mukupha khoswe?"

Bambo anagwira nkhafi ndi manja awiri, n'kulasa denga ndi mphamvu zonse. Inaboola mkeka, inaboola lata, n'kukatulukira mu udzu. Dzuwa linalowa. Amalume anaimirira, anasuzumira pabowopo nthawi yaitali.

"Ooo, ndi malatadi," anatero. "Koma obooka, alamu."

Dzinja lonse mvula inkadonthera pakati pa balaza. Mayi ankatchera ndowa akung'ung'udza, koma bambo anakaniratu kumata. Pamenepo pokha ndi pomwe lata linkaoneka.