Masamba Pamsewu wa ku Lirangwe

Dzuwa linali loswa mtengo tsiku limenelo. Nyenje zinkalira m'mitengo ya mango, amayi a kumpingo akuimba chapansipansi kumbuyo kwa bokosi la mkazi wanga. Ndege ina inadutsa kulowera ku Chileka, nyimbo n'kumira kwa kanthawi.

Manda a kwathu ali tsidya lina la msewu. Bambo anga ankati kale munali mongodutsa ngolo ndi malole ochepa opita ku Matope, fumbi lokhalokha. Atathira phula, kuchokera ku Blantyre kudzera pa Lunzu ndi kwathu kuno, kukawoloka Shire pa Zalewa mpaka ku Ntcheu ndi Lilongwe, msewuwo unadula mudzi pakati, amoyo uku, akufa uko. Palibe anatifunsa. Chotsala chathu n'kuyala masamba pamsewu tikamawolotsa maliro, kuti magalimoto adikire.

M'mawa anyamata anayala masambawo. Lole inaima. Akabaza anatsika panjinga zawo n'kuvula zipewa. Bokosi lili pakati pa phula, minibasi ina inatulukira kumbali kwa lole ija, hutala ili pakamwa, n'kuponda masamba. Onyamula anadzandira, bokosi n'kugunda pansi ndi ngodya imodzi. Kugunda kumeneko ndimakumvabe.

Kondakitala anasuzumira pawindo. "Fulumirani nawo! Ameneyo wafika kale, ife sitinafike!"

Sanapite patali. Anyamata anatchinga msewu, wina n'kuzula kiyi. Miyala inali kale m'manja. Mlongo wake wa malemu anatembenukira kwa ine.

"Alamu, nenani mawu amodzi okha, galimoto iyi tiyatse."

Ndinkafuna kunena. Mulungu akudziwa kuti ndinkafuna. Zaka zonse mayi ameneyu ankawoloka msewuwu ndi dengu la tomato pamutu, akuthawa magalimoto ngati nkhuku, ndipo ngakhale ulendo womaliza sanamupatse mpata. Koma ndinangoti, "Tiyeni tikaike kaye."

Anyamata anawakoka dalaivala ndi kondakitala mpaka kumanda. Mapemphero atatha, wamkulu wa adzukulu, okumba manda aja, anawaponyera makasu.

"Paja mukufulumira, achimwene? Kwirirani, tione changu chanu."

Anakwirira okha, aliyense akuwayang'ana. Dothi la kwathu n'louma, lamiyala. Dalaivala, bambo wa imvi ngati ine, sanadzutse mutu. Kondakitala manja anatuluka matuza, n'kuphulika. Palibe anawapatsa madzi. Inenso sindinawapatse, ndipo sindinawamvere chisoni.

Mtumbira utakwera, awiriwo anabwera kudzagwada pamaso panga. Mlamu wanga anandipatsa kiyi uja, miyala ikadali m'manja mwa anyamata. Ndinayang'ana mtumbirawo nthawi yaitali. Anali ataukonza bwino, m'mbali mosalala, monga mkazi wanga ankakonzera mizere yake ya chimanga.

Ndinaika kiyi m'dzanja la dalaivala. Msewuwo ndimadana nawo mpaka lero. Koma anthu awiri aja ndinawakhululukira.