Zimene Zebron Anaona ku Mumbai

Mukatsika basi pa Rufunsa, pamene timagulitsira nthochi ndi nshawa zokazinga, mudzaona bambo wamtali atakhala pabenchi, atavala magalasi akuda, khutu atalozetsa kumsewu. Ameneyo ndi Zebron Chabwela, msuweni wanga. Sadikira munthu. Amangomvetsera mainjini, ndipo minibasi isanaime amakhala atadziwa kale mwini wake, n'kuyamba kunyoza dalaiva kuti akupha magiya. Ine ndimamuuza kuti galimoto siyendetsedwa ndi pakamwa, iye amati nshawa zanga zapserera, wazimva fungo. N'chisuweni chimenecho, sitikwiyirana.

Anabadwira ku Shikabeta, koma khasu analithawa akadali mnyamata. Anayamba ndi ukondakitala, kulendewera pachitseko ndi kuitanira anthu a ku Lusaka, mpaka anakhala dalaiva. Chimene ankanyadira kwambiri chinali maso ake. Ankati m'mapiri a Manenekela amaona mbuzi isanaganize n'komwe zodumpha msewu. Kudzitama kunalipo, koma zoona n'zakuti pa zaka zonse zimene anayendetsa sanagwetsepo munthu.

Anakwatira Olipa wa ku Mpanshya, mwana wa ba Estina, mayi wachikatolika wosalankhula zambiri. Mwana wawo woyamba anali wamwamuna. Atangobadwa, Zebron mwa chimwemwe anamujambula pafoni n'kutumiza chithunzi kwa madalaiva anzake, kumpingo, kulikonse. Khandalo linatentha thupi, n'kumwalira mchombo usanagwe. Ba Estina sanakalipe pamaliro. Anangonena pambuyo pake kuti mwana wa m'chikuta, amene sanatulutsidwe panja, saonetsedwa kwa anthu chifukwa maso ena ndi oipa, koma ameneyu anaonetsedwa kwa Lusaka yense. Achipatala anati anali matenda wamba. Zebron anamva zonse ziwiri, koma mawu a apongozi ake ndi amene anamukhala mumtima.

Kenako inabwera shuga. Diso lakumanzere linafa pang'onopang'ono, iye osauza munthu, kumangoyendetsa ndi limodzi. Pamene lakumanja linayamba kuchita ngati chitenje chakuda chikutsika kuchokera pamwamba, anapereka makiyi kwa mwini minibasi. Madokotala a ku Lusaka anati zimenezi angazithe ndi a ku India. Ampingo ndi madalaiva anasonkha ndalama, koma zinangokwanira munthu mmodzi, ndipo Olipa anali ndi pakati potopa. Zebron anatsanzika akuseka, kuuza aliyense kuti ndi kaopaleshoni kakang'ono, ngati kusintha babu ya galimoto.

Ku Mumbai anamulandira munthu wina wamfupi, dzina lake Dineshi, amene ntchito yake inali kulandira odwala ochokera ku Afirika, kuwapezera pogona, kuwaperekeza kuchipatala ndi kuwaonetsa mzinda pa takisi yake yakuda ndi chikasu. Dineshiyo anali m'chipinda momwemo pamene dokotala ananena zoona zake. Anati mkati mwa diso mwawonongeka kwambiri. Akalisiya, lizima lokha posachedwa. Akaling'amba, mwina apulumutsa kuwala pang'ono, mwinanso lizimiratu pomwepo. Ndipo sangaligwire mpaka shuga itatsika, choncho adye bwino, aziyenda, adikire.

Ali m'kudikirako, Olipa anachira ku Mpanshya. Kunali kovuta, mpaka anachita kumung'amba, koma mwana anatuluka wamoyo, wamkazi. Zebron anaimba foni, n'kupempha chinthu chimodzi chokha, chithunzi. Foni anailandira ndi ba Estina.

"Napapata apongozi, nifuna chabe nimuoneko. Sinizaonetsa munthu aliyense."

"Maso si ndiye mwaenda kukonzetsa? Mwana sathawa, apongozi. Mchombo ukagwa muzamuona. Uja woyamba tinamuonetsa, manje ali kuti?"

Apa ndi pamene ine ndimapsa mtima mpaka lero. Mawu anali ochepa chabe oti anene, akuti mwina sindidzaonanso. Ba Estina si mwala, akanamva. Koma Zebron anati Olipa ali ndi bala ndipo magazi ake akuthamanga, uthenga woipa ungamuumitse mkaka kapena kumugwetsa. Chinanso, chimene sanena koma ine ndikuchidziwa, n'chakuti munthu amene anatsanzika ndi nthabwala ya babu anachita manyazi kubweza mawu. Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko, koma msuweni wanga anangogwira pamimba n'kukhala chete.

Ndiye anayamba kuzungulira mzinda, foni ili m'thumba la shati, pamtima. Dineshi anali ndi kachitidwe kake. Akafika pamalo ankaimika mlendo bwinobwino, n'kunena kuti tiyambire kumanzere, kenako n'kumatchula chinthu chimodzichimodzi mpaka kumanja. Kwa Zebron zimenezi zinathandiza, chifukwa ankaona ndi kagawo kam'munsi ka diso, ndipo kuti aone chinthu chachitali ankachita kugadamitsa mutu.

Anayambira pagombe, pa chipata chachikulu cha miyala chimene amachitcha Gateway of India. Zebron amati anachiyang'ana n'kufunsa kuti mpanda wake uli kuti, poti chipata chopanda mpanda ngakhale ng'ombe ingachiseke. Panali nkhunda zosawerengeka, ndi madzi amtundu wa phulusa opanda tsidya, pamene madzi aakulu amene iye ankawadziwa anali a mtsinje wa Luangwa. Koma chimene chinamuwawa n'chakuti munthu aliyense pamalopo ankajambula. Makolo ankanyamula makanda m'mwamba kuti alowe m'chithunzi, ndipo anyamata a makamera ankamukoka dzanja kuti naye ajambulitse. Iye anatulutsa foni kuona ngati mwalowa kanthu. Munalibe.

Tsiku lina anapita ku siteshoni yaikulu ya sitima, nyumba yokhala ngati tchalitchi, ya zosemasema mpaka kudenga. Zosemazo sanazisamale. Anaima kuyang'ana anthu akulendewera pamakomo a sitima, ena akudumpha isanaime, ndipo amati pamenepo pokha anaseka ndi mtima wonse, poona kuti ukondakitala wake wonse unali masewera. M'misewu ankakhala kutsogolo, phazi likuponda buleki imene kulibe, kwinaku akulangiza Dineshi mwini mzinda mmene angapitirire basi. Anaonanso malo ochapira otchedwa Dhobi Ghat, ataima pamlatho, amuna akumenyetsa zovala pamiyala m'timadamu ta simenti, nsalu zoyera zitayanikidwa mpaka kutali. Dineshi anati zambiri mwa nsaluzo ndi za m'mahotela ndi m'zipatala. Zebron anafunsa ngati mvula ikubwera, poti kunkada. Dineshi anayang'ana kumwamba, dzuwa lili phwee.

Madzulo a tsiku limenelo anandiimbira ine. Anati ndipite ku Mpanshya ndikabe chithunzi. Ndinamuseka kuti mwamuna wamkulu akulirira khanda ngati silidzakula, koma ndinasiya nthochi zanga n'kukwera minibasi. Olipa anali atatuluka m'chipatala, ali kwa amayi ake. Ba Estina anandilandira bwino, kundipatsa mpando ndi madzi, kenako anatambasula dzanja kuti foni itsale panja. Mwana ndinamuona ndi maso angawa, atakulungidwa, tsitsi lambiri. Olipa anandinong'oneza kuti nayenso akuopa, sangapirire kuika wina m'manda. Ndinabwerera chimanjamanja, n'kumuuza Zebron kuti mwana ndi wokongola, aleke kuvuta anthu. Anati zikomo, n'kudula.

Malo amene sakonda kuwafotokoza ndi mzikiti wa Haji Ali, umene uli pakati pa madzi, wofikako ndi kanjira kakatali ka simenti. M'mbali mwa kanjirako mumakhala opemphetsa, opuwala ndi odulidwa miyendo, ndipo pakati pawo panali akhungu atakhala pamzere, akuimba, mbale zili patsogolo. Dineshi anafuna kumudutsitsa msanga, koma Zebron anakana. Anaima nthawi yaitali kuwayang'anitsitsa mmene amapendeketsera mutu, mmene amafufuzira mbale ndi zala, mmene amadziwira kuti munthu waima pafupi. Amati ankaphunzira ntchito. Kumzikitiko sanafike.

Shuga inatsika, dokotala anatchula tsiku. Zebron anaimbanso ku Mpanshya, ndipo ba Estina anamuuza kuti mchombo wauma koma ukadali, mwina mawa, mwina mkuja. Anatsegula pakamwa kuti anene, koma anamva mwanayo akulira chapatali ndi Olipa akumutonthoza, ndiye anangoti awapatse moni onse.

Dzulo lake la opaleshoni, Dineshi anati malo otchuka atha, lero akamuonetsa kwawo. Anasiya takisi n'kulowa wapansi ku Dharavi, m'tinjira topapatiza moti mapewa a Zebron ankakhudza makoma onse awiri. Munali mdima masanasana, madzi akuda akuyenda pansi, fungo la zikopa ndi mapulasitiki otenthedwa, makina osokera akulira m'chipinda chilichonse. Zebron amati komboni ya Kanyama ku Lusaka ndi bwalo la mpira poyerekeza ndi kumeneko. Anakwera makwerero achitsulo n'kulowa m'kachipinda kamodzi mmene munkakhala banja lonse. Mlongo wake wa Dineshi anali ndi khanda la milungu yochepa, lalikazi. Analankhulana m'chinenero chawo, mayiyo anazengereza, kenako anabwera nalo pafupi ndi zenera n'kuliika m'manja mwa mlendo.

Pamphumi pa khandalo panali kadontho kakuda, kopakidwa ndi chala. Zebron anafunsa ngati ndi chilema. Dineshi anati ayi, amayi awo ndi amene amapaka m'mawa uliwonse, kuti maso oipa a anthu asamulowe mwana. Zebron amati anafuna kuseka, poona kuti wawoloka nyanja yonse n'kukapezanso ba Estina, koma m'malo mwake misozi inangotsika. Analiyang'ana khandalo mpaka mkono unachita dzanzi, timilomo, tinsidze, timakutu, akugadamitsa mutu kuti lilowe m'kagawo kamene kanatsala. Eni nyumba anamusiya, palibe amene anamufulumizitsa.

Opaleshoni inachitika. Atamasula mabandeji, dokotala anawalitsa tochi n'kufunsa ngati akuona kanthu. Zebron anafunsa ngati ayatsa kale. Anati adikire, mwina kutupa kukatha kuwala kubwera, koma sikunabwere.

Ali chigonere m'chipatalamo, foni inalira m'thumba. Mchombo unali utagwa, mwana anamutulutsa panja, anamutcha Delight, ndipo ba Estina eni ake ndi amene anauza Olipa kuti tsopano atumize chithunzi. Zebron anagwira foniyo, kuisisita ndi chala, kenako anaipereka kwa Dineshi.

"Ba Dineshi, mwanionetsa tauni yonse. Nionetseni na uyu."

Dineshi anayang'ana chithunzicho. Kenako anakonza kukhosi, n'kunena ndi mawu ake a ntchito aja kuti tiyambire kumanzere. Anatchula khutu laling'ono lopindika pamwamba, tsitsi lambiri lonyowa, maso otseka, mphuno yotakata ngati ya bambo ake, chibakera chili pakamwa, chitenje cha maluwa ofiira. Anafika kumanja, n'kusiya. Zebron anafunsa kuti nanga pamphumi pali chiyani. Dineshi anati palibe kanthu, ndi poyera.

Ndine ndinakamutenga pabwalo la ndege ku Lusaka, akumukankha pa njinga ya odwala, ndipo mpaka nthawi imeneyo kunalibe amene ankadziwa kuti sakuona. Titafika ku Mpanshya, ba Estina anatuluka ndi mwana m'manja akumwetulira, n'kumutambasulira. Ataona manja a mkamwini wawo akufufuza m'malere, anakhala pansi pafumbi. Anangoti, "Mukanakamba, apongozi." Nkhaniyo sanaikambenso awiriwo mpaka lero. Mayiwo ndi amene amamutumizira chimanga chaka chilichonse.

Tsopano Olipa amagulitsa salaula, zovala zovalidwa kale, pamsika pompano, ndipo Zebron amakhala pabenchi yanga. Apaulendo akamva kuti anafika ku India amamuzungulira, iye n'kuwayendetsa Mumbai yense, kuyambira kumanzere, chipata chopanda mpanda, sitima, nsalu zoyera. Amafotokoza bwino moti ena amaiwala basi. Ine zimandiwawa kumva, chifukwa mzinda wa eni ake amaudziwa mpaka mtundu wa nkhunda, pamene nkhope ya mwana wake anachita kuuzidwa.

Delight wayamba sukulu ya mkaka chaka chino. Akaweruka amathamangira kwa bambo ake n'kukwera pamiyendo, iye n'kumugwira kumaso ndi manja onse awiri. Ndinaona kalekale kuti chala chake chachikulu chimakhalitsa pamphumi pa mwanayo, kumapukuta pamalo amodzimodzi. Tsiku lina ndinamukalipira kuti amusupula khungu mwana, akupukuta chiyani poyera? Sanandibwezere chipongwe monga amachitira. Anadikira kuti mwanayo atsike apite kwa amayi ake.

"Niziba kuti palibe," anatero. "Koma nikamuganiza, kadontho kaja kamakhalapo."