Ndinkati Ndine Ndinathamangitsa Amwenye pa Nathenje

Ndinali ndi zaka khumi ndi ziwiri, m'sitandade sikisi, pamene aphunzitsi athu a Chimphamba anandisankha kukhala monitala wa kalasi. Nthawi imeneyo tinkakhala pa Nathenje. Bambo anga anali telala, ndipo makina awo ankakhala pakhonde la sitolo ya mmwenye wina, moyang'anizana ndi msewu waukulu. Tikaweruka ndinkapita pakhondepo kukasokerera mabatani ndi kupemerera makala a m'simbi, kenaka n'kumalemba ntchito ya kusukulu nditakhalira bokosi la sopo. Mpaka lero ndikamva fungo la nsalu yatsopano litasakanikirana ndi la palafini, ndimaliona khonde lija.

Ntchito ya monitala inali kulemba maina a olongolola aphunzitsi akatuluka. Aliyense wolembedwa ankalandira zikoti ziwiri m'manja. Sabata yoyamba ndinalemba ndi mtima wonse. Wobwereka labala, woseka, ngakhale wotsokomola mokweza, onse analowa m'kope. Pofika Lachisanu ndinali nditatsala ndekha. Ngakhale Dolofe, mnzanga wa pamtima, anasiya kundidikira panjira. Sabata yachiwiri ndinati ndikonze zinthu, ndipo sindinalembe aliyense. Kalasi inasanduka msika. Anyamata akuluakulu a kumbuyo, ena omera kale ndevu, anayamba kulanda ana aang'ono mapensulo ndi chimanga chokazinga. A Chimphamba atabwera n'kupeza kope loyera, zikoti zinagwera ine.

Pakhonde paja pankakhalanso bambo ake a mwini sitolo, nkhalamba yowonda imene anthu ankaitcha a Magalasi, chifukwa cha magalasi awo ochindikala omangidwa ndi ulusi mbali imodzi. Kunkamveka kuti kwawo ku India anali mphunzitsi. Mwendo unkawavuta, choncho ankangokhala pampando tsiku lonse, kukalipira ntchentche ndi antchito a mwana wawo. Sanali munthu wansangala, ndipo anali asanandilankhulepo. Tsiku limene ndinamenyedwalo anaona mmene ndinkagwirira singano ndi zala zotupa.

"Iwe mwana wa telala, wamenyedwa chifukwa chiyani?"

Chichewa chawo chinali chopindika, koma chinkamveka. Ndinawafotokozera zonse, n'kumaliza ndi kudandaula kuti ndikalemba andida, ndikapanda kulemba andimenya.

Anaseka mpaka kutsokomola. "Ndiye kuti wakhala mfumu," anatero.

Kenaka anayamba kulankhula, osati kwenikweni kwa ine, koma ngati munthu amene wakhala nthawi yaitali wopanda womumvera. Anati kalekale kwawo anthu anzeru analemba za ntchito ya mfumu. Analemba kuti dziko lopanda wolanga limakhala ngati dziwe nthawi ya chilimwe, mmene nsomba zazikulu zimadya zazing'ono. N'chifukwa chake mfumu inapatsidwa ndodo. Mfumu yomenya kwambiri anthu amaiopa n'kuida, yosamenya konse amaipeputsa, koma yolanga molingana ndi mlandu amailemekeza. Ndinamvetsera kukamwa kuli yasa. Munthuyu anali asanapondepo m'kalasi mwathu, koma ankanena za anyamata a kumbuyo aja ngati akuwaona.

"Nanga mfumu ikalakwa?" ndinafunsa, poganizira mmene nanenso ndinkalongololera nthawi zina.

"Chilango chake chimaposa cha munthu wamba kutalitali. Iyo imadziwa lamulo, ndiye kulakwa kwake n'kwakukulu."

"Amailanga ndani?"

"Ndodo yomweyo. Imamutembenukira woigwira molakwa."

Sindinamvetse mmene ndodo ingatembenukire yokha. Ndisanafunse, anawonjezera zina zimene zinandisokoneza koposa. Anati anthu omwewo analembanso kuti munthu wobadwa m'mtundu wotsika akatukwana wa mtundu wapamwamba, chilango chake n'choopsa, koma wapamwamba akatukwana wotsika, amangomukhudza pang'ono.

"Ndiye zoona ndi ziti?"

"Zonse zinalembedwa," anatero, n'kuvula magalasi kuti awapukute.

Apo m'pamene ndinazindikira kuti makina a bambo anali atasiya kulira. Phazi lawo linali litaima pa chopondera, maso ali kumsewu. Bambo anandiuza motsitsa mawu kuti nditenge mbale zawo za nkhomaliro ndizipita kunyumba.

Masiku otsatira ndinayesa kukhala mfumu yolanga molingana ndi mlandu. Ndinkachenjeza kawiri, kachitatu ndiye kulemba. Zinayendako bwino, ndipo Dolofe anayambanso kundigawira nzimbe. Ndinayamba kudziona ngati munthu wodziwa chinsinsi chimene anzanga sankachidziwa, ndipo ndinkafunitsitsa mpata woti ndichionetse.

Mpatawo unabwera m'phunziro la sivikisi. Kunali kotentha, malata akuthetheka. Pamwamba pa bolodi panali chithunzi cha mtsogoleri wa dziko, monga mmene zinalili m'kalasi iliyonse, m'sitolo iliyonse ndi m'ofesi iliyonse masiku amenewo. A Chimphamba anafunsa chifukwa chake dziko limakhala ndi malamulo. Ndinakweza dzanja, anandiloza, ndipo ndinaimirira n'kufotokoza za dziwe ndi nsomba zazikulu zodya zazing'ono. Nkhope yawo inawala.

"Mwamva inu? Ameneyu waganiza," anauza kalasi.

Ndikanakhala pansi pomwepo, bwenzi nkhani ino kulibe. Koma chiyamikiro chinandikwera m'mutu. Ndinapitiriza kunena kuti ku India kale mfumu ikalakwa inkalangidwa koposa munthu wamba. Kenaka, popanda choipa chilichonse mumtima, ndinayang'ana chithunzi chija n'kufunsa kuti, "Nanga kuno kwathu, aphunzitsi, iwowa akalakwa amawalanga ndani?"

Ngakhale anyamata a kumbuyo anaweramitsa mitu. Pa desiki lachiwiri panali Lameki, mwana wa tcheyamani wa chipani wa dera lathu, ndipo anatembenuka n'kundiyang'ana mwachidwi. A Chimphamba anaika choko patebulo pang'onopang'ono. Ndinaona kuti pakufunika kufotokoza kumene ndinazimva, ndiye ndinayamba kuti, "Anandiuza ndi a..."

"Khala chete," anandidula. "Bwera kuno."

Anandimenya zikoti zisanu ndi chimodzi, zoposa zimene ndinaonapo mtsikana aliyense akulandira. Anauza kalasi kuti ndamenyedwa chifukwa cholankhula ndisanapatsidwe mpata. Izi zinandipweteka kuposa zikotizo, pakuti aliyense anaona kuti dzanja ndinakweza ndipo iwo eni anandiloza. Atatha anafunsa kalasi kuti ine Ketirina ndanena za chiyani. Palibe anayankha. Anafunsanso, ndipo Dolofe anati, "Za nsomba."

"Za nsomba," anabwereza a Chimphamba. "Nonse nenani."

Kalasi yonse inanena. Kenaka anandilanda kope la maina n'kulipereka kwa Lameki, amene anali wolongolola kuposa tonse. Lameki anamwetulira mpaka m'makutu, n'kuyamba pomwepo kujambula mizere m'kopemo.

Ndinapita pakhonde ndikulira, ndili ndi chikhulupiriro kuti bambo akawafunsa aphunzitsiwo. Nditafotokoza, bambo sanakalipe, sanandipepesenso. Anayang'ana uku ndi uku, n'kundigwira padzanja mwamphamvu. Anati kuyambira tsiku limenelo ndisadzapondenso pakhondepo, ndipo mawu amene ndinanena m'kalasi ndisadzawanenenso kwa wina aliyense, ngakhale kwa mayi. A Magalasi anali m'kati, akugona. Kuyambira pamenepo sindinalankhulenso nawo.

Pa msinkhu umenewo ndinkadziwa kuti pali zinthu zosanena. Tonse tinkadziwa. Anyamata a chipani ankaima pageti la msika kufunsa makadi, ndipo tinkamva za anthu amene anatengedwa osabwerera. Koma ndinkaganiza kuti zimenezo zimagwera otukwana. Ine sindinatukwane. Ndinafunsa funso m'phunziro la malamulo, nditayamikiridwa kumene chifukwa choganiza. Theka loyamba la zimene a Magalasi anandiuza linandipatsa ulemu, theka lachiwiri linanditupitsa manja, koma zonse zinatuluka pakamwa pamodzi, tsiku limodzi. Ndinkagona ndikuzitembenuza m'mutu osapeza pamene ndinalakwira.

Patapita miyezi ingapo kunamveka kuti boma lalamula amwenye onse achoke m'matauni aang'ono a kumidzi, akachite malonda m'mizinda ikuluikulu yokha. Akuluakulu ankazinena monong'ona, ndipo palibe amene anatifotokozera ife ana chifukwa chake. Ine sindinafunike kufotokozeredwa. Ndinali wotsimikiza kuti Lameki anauza bambo ake, bambo ake anauza a ku Lilongwe, ndipo a ku Lilongwe anafufuza n'kupeza kumene funso langa linachokera.

Tsiku limene lole inabwera ndinabisala kuseri kwa chigayo n'kumasuzumira. Anakweza mabokosi, mabedi, sikelo, ndi mpando uja. A Magalasi anawanyamula anthu awiri n'kuwakhazika kutsogolo pafupi ndi dalaivala. Ankayang'ana kutsogolo kokha. Ndinkafuna kuthamanga kukawauza kuti dzina lawo sindinalitchule, koma ndinangokhalabe kuseri kwa chigayoko. Bambo anali ataima pakhonde pafupi ndi makina awo, manja ali kumbuyo, mpaka fumbi la lole linatha.

Amene anatenga sitoloyo anali ndi telala wakewake, mphwake. Bambo anayesa kusokera pansi pa mtengo kwa kanthawi, koma mvula itayamba tinasamukira kwawo kwa mayi, kufupi ndi Mitundu, kumene anayamba kulima fodya, ntchito imene sankaidziwa ndipo sanaikonde. Titafika pa Mitundu ndinaona kuti masitolo a amwenye kumenekonso ndi otseka. Ndinati mawu anga afika mpaka kuno. Pasukulu yatsopano sindinakwezenso dzanja. Aphunzitsi ankalemba pa lipoti kuti ndine wanzeru koma wamanyazi. Ndikaona bambo akubwera kumunda manja ali bii ndi utomoni wa fodya, ndinkadziwa amene anawachotsa pa makina awo.

Ndinakula, ndinapita ku sekondale, ndinamva kuti lamulo lija linakhudza dziko lonse. Mutu unavomera kuti kamtsikana ka sitandade sikisi sikangasamutse anthu m'dziko lonse, koma mtima sunavomere msanga. Ndinaulula kwa bambo nditayamba kale ntchito ya uphunzitsi, tsiku lina masana tikusankha mtedza pabwalo. Poyamba anaseka mpaka misozi. Ataona kuti ine sindikuseka, anasiya.

"Zaka zonsezi unasenza zimenezi wekha?"

Ndinavomera ndi mutu.

Kenaka anandiuza zimene sindinkadziwa. Tsiku lomwe ndinamenyedwa chifukwa cha funso lija, nditangochoka pakhonde, a Chimphamba anafika pa njinga, atanyamula buluku loti lipindidwe miyendo ngakhale linalibe vuto lililonse. Ali chowerama ngati akuonetsa muyeso, anati, "A Phiri, ndamumenya mwana wanu popanda mlandu. Ndinaona kuti ndikamumenya ine, nkhani ithera m'kalasi. Mundikhululukire." Anawachenjezanso kuti nkhalamba ija isamalankhule ndi ana. Za Lameki, bambo anati mwanayo anafikadi kwawo ndi nkhani, koma nkhani yake inali yoti wakhala monitala.

"Bwanji simunandiuze?" ndinafunsa.

"Unali mwana wa pakamwa. Tinkaopa kuti ukadziwa ukanena."

Sindinathe kuwatsutsa, pakuti zinali zoona. Sindinathenso kuwavomereza.

A Chimphamba anamwalira ndisanakumane nawonso. Sindikudziwa kuti ndikanawauza chiyani. Anandinamizira pamaso pa anzanga, anapereka udindo kwa wosayenera, anaphunzitsa ana makumi angapo kunena kuti sanamve zimene anamva, ndipo mwa kutero anapulumutsa bambo anga, nkhalamba ija, ndi iwo eni. M'dziko limene funso la mwana likanatha kumangitsa anthu atatu, munthu wabwino anachita kulakwa kuti achite bwino. Ndaphunzitsa sivikisi zaka zambiri, ndipo sindinapeze tsamba limene limafotokoza zimenezi.

Chimene ndikumvetsa tsopano n'chaching'ono. Akuluakulu akachita mantha n'kukhala chete, mwana sakhala wopanda yankho. Amadzipangira lake, ndipo kawirikawiri amadziika yekha pa mlandu. Anthu amene ankandikonda anandibisira mantha awo kuti anditeteze, ndipo ine ndinatola mlandu wa boma n'kuusenza pamutu kuchokera pa Nathenje mpaka ku Mitundu. Bambo anazindikira zimenezi masana aja. Anakankhira lichero pambali, n'kunditchula ndi dzina la mfunda limene ankalisunga pa nkhani zikuluzikulu zokha.

"Naphiri," anatero, "khonde lija sunandichotsepo ndiwe."

Ndinali mayi wa ana awiri, koma ndinalira ngati wa sitandade sikisi.